Ndinaseketsa Doko Lonse ndi Matenda a Alamu Anga

Asalamu alaikumu abale anga a ku mzikiti, ndipo inu a ku tchalitchi mtendere ukhale nanu. Zikomo a tcheyamani pondipatsa mpata. Mundilole ndiyankhule chikhalire, chifukwa ine ndikaimirira pamaso pa anthu, thupi langali limayamba lokha kuchita sewero, ndipo lero sindinabwere kudzaseketsa munthu.

Dzina langa ndine Ajibu. Ena mwayamba kale kumwetulira kumbuyoko, ndakuonani, chifukwa mumandidziwa ndi dzina lija la Che Nsapatoimodzi. Inde, ndine ndemwe, amene ndinkavala jekete lalikulu lobooka m'zigongono, phazi lina nsapato lina lopanda, n'kumazungulira m'misika ndi m'madoko kuyambira kwa Mponda mpaka ku Chembe. Mowa ndinamwa zaka zambiri, ndipo ena muli panonu tinamwerapo limodzi, tisanamizane. Koma za kuwawa kwa mowa mwamva kale kwa anzanga amene ayankhula ine ndisanayambe. Ine ndikufuna ndikuuzeni za munthu amene sanalawepo mowa chibadwire, koma ndi amene anapweteka ndi mowa wanga.

Ndinabadwira m'banja la asodzi, koma nyanja inandikana ndili wamng'ono. Ndikangokwera boti m'mimba munkatembenuka, n'kuyamba kudyetsa nsomba phala la m'mawa. Bambo anga anayesa kawiri katatu, kenako anati, "Uyu ndi wa pamtunda, musiyeni." Sukulu nayo ndinalekezera Sitandade 7. Nkhope mukuionayi si yokopera munthu. Ndiye paja amati ukaipa dziwa nyimbo, ndipo nyimbo yanga ine inali kutsanzira anthu. Munthu ndikamuyang'ana pang'ono, ndinkatenga kayendedwe kake, katsokomoledwe kake, ngakhale mmene amakokera mawu akafuna kunama. Ku madarasa mwalimu akangotuluka, ine ndinkakhala pampando wawo n'kusanduka iwowo, mpaka tsiku lina anandimvera pazenera. Zikoti za tsiku limenelo ndimazikumbukabe.

Nditakula ndinkavina beni ndi kuseketsa anthu m'maukwati. Kumeneko n'kumene anandiona Mayi Kamwendo, mphunzitsi wochokera ku Ntcheu amene anatumizidwa kudzaphunzitsa kwathu kuno. Iwo anali ndi kagulu ka zisudzo, ndipo mabungwe ankawatuma kukaphunzitsa anthu za malungo, za kolera, za kukwatitsa ana aang'ono. Ananditenga. Ndinayenda nawo zaka zisanu ndi zinayi. Mawu anga anamvekapo pa wailesi, ndipo kamodzi ndinaoneka m'kafilimu kena kamene ankaonetsa m'mavidiyo. Ndinali mlonda wa pageti. Ntchito yanga inali kunena kuti, "Abwana kulibe," n'kumenyedwa pama. Zinathera pomwepo, koma kwathu ndinkayenda ngati ndagula msewu.

Kagwiridwe kathu ka ntchito kanali kotere. Tisanachite sewero pamudzi, tinkayamba takhalapo masiku awiri kapena atatu, kumvetsera pamjigo, pamsika, pansi pa mathandala oyanikapo usipa. Anthu ankatiuza zakukhosi, ifeyo n'kuzipanga sewero. Mayi Kamwendo anali ndi malamulo awiri amene ankabwereza mpaka makutu kuwawa. Loyamba ankati, "Nkhani tenga, koma nkhope ya mwini nkhani uisiye komweko. Akakhala wamtali, m'sewero akhale wamfupi. Akakhala msodzi, akhale telala." Lachiwiri ankati, "Kuseka ndi nyambo chabe. Mbedza ndi phunziro la kumapeto. Ukataya nyambo yopanda mbedza, wangodyetsa nsomba." Ine ndinkagwedeza mutu, koma mumtima ndinkati mayiwa sakudziwa kuti anthu amabwerera ine.

Mowa unalowa mwaulemu ngati mlendo. Sewero likatha amuna ankandiitana kuseri kwa golosale, "Che Nsapato, tatsanzirani uje, nayi ya pakhosi." Poyamba ndinkamwa sewero litatha. Kenako ndinayamba kumwa lisanayambe, ati kuchotsa manyazi, ngati ndinali nawo n'kale. Kenako ndinkamwa ngakhale tsiku lopanda sewero. Ku mzikiti ndinasiya chifukwa oyandikana nane popemphera swala ankasendera. Mkazi wanga anatenga mwana n'kubwerera kwawo ku Namwera, ine n'kupangapo nthabwala yatsopano, anthu n'kuseka.

Tsopano ndikuuzeni za alamu anga, Che Amidu, amuna awo a achemwali anga aakulu a Patuma. Munthu wamtali, wowerama pang'ono, wosayankhulayankhula. Asanayankhe chilichonse amayamba akanda kuseri kwa khutu, kenako amati, "Yambone, yambone," kutanthauza kuti zili bwino, ngakhale zinthu zitavuta. Anali mlovi, mmodzi wa amuna okoka ukonde wa chilimira pa boti ya bwana wina wa padoko pathu. Ine ndi iwo tinkasereulana monga amachitira alamu. Ndinkawatcha ndodo yokolera mango, iwo n'kumanditcha msodzi wa pamchenga.

Tsiku lina anandikokera kuseri kwa mathandala. Anakanda khutu nthawi yaitali. Kenako anati, "Alamu, ndili ndi mawu, koma akhale a anthu atatu, ine, inu ndi achemwali anu. Ine ndimadwala khunyu. Ndimamwa mankhwala tsiku lililonse, ndipo papita zaka ndisanagwepo. Koma ndikamaoneka pamzere kuchipatala mwezi ndi mwezi, anthu ayamba kufunsa. Bwana akamva sanditenganso, alovi anzanga sangakwere nane. Inu mumapita ku boma kawirikawiri. Muzinditengera."

Tinapita limodzi kamodzi, anesi anavomera, dzina langa n'kulembedwa m'buku la alamu la kuchipatala kuti ndine gadiyani, wowatengera mankhwala. Bukulo linkakhala m'chikwama changa cha zovala za sewero, kuti kunyumba kwawo munthu asalione. Zaka ziwiri ndinawatengera osaphonya, ngakhale ndili chiledzerere. Pa moyo wanga wonse wa nthawi imeneyo, chimenechi n'chinthu chokhacho chimene ndinkachita bwino.

Ndiye bungwe lina linatituma kukachita sewero la khunyu, ndipo limodzi la malo ake linali doko lathu lomwelo. Mukudziwa mmene anthu timaopera matenda amenewa. Timati thovu lake likakukhudza watenga, timati akatulutsa mpweya uli pafupi watenga, ndiye munthu akagwa aliyense amathawa. Mayi Kamwendo anakonza sewero labwino. Ine ndikhale telala wamfupi wochokera kutali, ndigwe pafupi ndi mbaula, anthu athawe. Kenako iwo alowe ngati nesi, aonetse kuti munthu wotere umamukoka kumuchotsa pamoto, umamugoneka chammbali, sumuika kanthu mkamwa, ndipo sungatenge matenda pomugwira. Mbedza yake inali imeneyo.

Tsikulo ndinayamba kumwa m'mawa. Tinayamba sewero dzuwa lili pamutu, anthu atadzaza mchenga wonse. Anthu a kwanu ndi ovuta, abale anga. Nthabwala zanga zonse anali atazimva kale. Ndinaponya yoyamba, zii. Yachiwiri, anaseka awiri atatu. Munthu wina kumbuyo anakuwa kuti, "Zakale zimenezo, Che Nsapato atha." Amene simunaimepo pamaso pa gulu losaseka simungadziwe. Zimakhala ngati wavula pamsika. Ndinayang'ana uku ndi uku kufuna chogwira, ndipo maso anga anagwera pa alamu anga, atakhala pa bwato lovundikira, akusoka ukonde.

Ndinawerama pang'ono. Ndinakanda kuseri kwa khutu. Ndinati, "Yambone, yambone."

Doko lonse linaphulika. Anthu anatembenuka kuwaloza, iwo nawo anaseka n'kundiopseza ndi chala, poti ndi zachilamu. Ndikanalekera pomwepo, bwenzi lero ndilibe chonena. Koma kuseka kuja kunandikoma kuposa mowa. Paja mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi. Nthawi yogwa itakwana, amene anagwa sanali telala wamfupi uja. Ndinagwa ndi msana wawo, ndi mawu awo. Ndinaphupha pamchenga, malovu n'kumatuluka. Ndipo nditaona kuti anthu akufa nako kuseka, ndinakwawira pa chikwama changa, ndinatulutsa buku lija, n'kulikweza m'mwamba, n'kunena m'mawu awo enieni kuti, "Alamu, kanditengereni mankhwala ku boma, koma bwana asamve."

Kuseka kunapitirira pang'ono, kenako kunayamba kuzima kuchokera kutsogolo, kumene anthu ankatha kuona kuti bukulo ndi lenileni. Bwana wa boti anali pomwepo, ndipo sankaseka. Mayi Kamwendo analowa msangamsanga ndi diresi yawo yoyera kuti apulumutse zinthu, koma ine sindinawapatse mpata. Ndinadzuka thovu lili kukamwa n'kuyamba kuthamangitsa anthu, iwo n'kumathawa akukuwa kuti atipatsira. Mayi aja ankayankhula za kugoneka munthu chammbali, koma palibe anamva. Sewero lobwera kudzachotsa mantha linawonjezera mantha. Nditayang'ana pa bwato paja, panali ukonde wokha.

Mayi Kamwendo sanakalipe. Anangoti, "A Ajibu, jekete ndi lanu, tengani. Gulu lino musabwerenso." Ine ndinati, "Mayi, ndi alamu anga amenewo, timasereulana chonchi." Iwo anati, "Chilamu n'chosekana awiri, wina akaponya wina abweze. Inu mwawasiyira chobweza chanji?" Ndinachoka n'kupita kukamwa. M'mawa mwake ndinakwera lole ya matola yopita ku Chiponde, osatsanzika munthu.

Ku Chiponde ndinakhala miyezi inayi, ndipo palibe chabwino choti ndinene. Ndinkavina kutsogolo kwa mashopu ogulitsa mawailesi kuti anthu aime. Ndinkatsanzira madalaivala a malole ndi amayi a geni kuti anyamata a kabaza andigulire kabotolo. Ndinkagona m'khonde la sitolo. Jekete lija silinalinso la sewero, linali chofunda. Ndipo mverani ichi, chifukwa n'chimene chimandidya mpaka lero. Buku lija linali m'chikwama changa, ndipo ndinkadziwa. Nthawi iliyonse ndikapisamo dzanja ndinkalikhudza. Ndinkadziwa kuti mankhwala amene ndinawatengera komaliza anali a mwezi umodzi. Ndinkati mawa ndimupatsira dalaivala wina akapereke. Kenako ndinkalikankhira pansi penipeni kuti ndisalionenso. Musamati munthu woledzera amaiwala. Saiwala ayi, amangosankha zoti asaganize.

Linali tsiku la msika, cha m'ma 11 koloko. Ndinali pakati pa bwalo la anthu, ndikutsanzira munthu wokankha njinga yolemedwa ndi matumba, ndipo ndinaona mayi akutsika pa njinga yamoto. Anali achemwali anga a Patuma. Anali ataonda, mpango wawo wodetsedwa ndi fumbi la msewu. Anaima kumbuyo kwa anthu n'kudikira mpaka nditamaliza. Sanandiitane. Ndinapita ndekha.

Ndinati, "Achemwali, mwabwera bwanji kuno?"

Anati, "Sindinabwere kudzatenga iwe, Ajibu. Ndabwera kudzatenga buku. Adokotala akufuna aone mankhwala amene ankamwa."

"Adwala?"

"Buku, Ajibu."

Ndinagwada pansi pomwepo n'kuyamba kutulutsa za m'chikwama. Ndevu zonamizira, magalasi opanda diso limodzi, chipewa cha mlaza, mabotolo awiri opanda kanthu. Anthu aja ankaganiza kuti ndi sewero lina, ena anayamba kuseka. Buku linali pansi penipeni, litapindika, litadetsedwa ndi makala amene ndinkapaka kumaso. Achemwali analitenga, analipukuta ndi nsonga ya chitenje, ndipo m'pamene ndinaona kuti zala zawo zili ndi matuza.

Anandiuza ataima chomwecho, mawu osakwera osatsika. Sewero lija litatha, bwana wa boti anawauza alamu kuti ayambe apuma. Alovi anzawo, anthu amene anamwera nawo kapu imodzi zaka zonsezi, anayamba kuwapatulira yawoyawo. Kuchipatala alamu anakana kupita. Ankati, "Doko lonse likudziwa chimene ndikukatenga. Alamu abweretsa, sanaphonyepo." Mwamva? Ankandidikira. Mankhwala anatha. Ana anafuna kudya, ndiye alamu anapeza ganyu yowamba nsomba kwa mayi wina wa geni, ntchito ya pamoto, imene munthu wa matenda amenewa saloledwa. Tsiku lina m'mawa anagwa, dzanja lamanja lili mu uvuni. Panali anthu oposa khumi. Onse anaima patali, akukuwa, palibe anawagwira. Achemwali anali kunyanja akuchapa. Anathamanga kuchokera kumeneko, ndipo ndi iwo amene anawakoka.

Atamaliza anati, "Akanangowakoka mwendo, Ajibu. Mwendo wokha." Kenako anatembenuka kupita pa njinga ija.

Abale anga, ine ndinatukwanidwapo, ndinamenyedwapo, ndinagonapo m'ngalande. Koma sindinadzionepo wonyansa ngati tsiku limenelo. Chimene anthu aja sanachite pa uvuni paja ndi chimene ine ndinatumidwa kukawaphunzitsa, ndipo ndinachisinthanitsa ndi kuseka. Nkhuyu zodya mwana zinapota wamkulu. Ndinasiya zinthu zija pansi pomwepo, ndinapempha dalaivala wina kuti anditenge pamwamba pa matumba, n'kutsatira.

Kuchipatala alamu ndinawapeza atagona, dzanja lonse mpaka m'chigongono lili m'mabandeji. Atandiona anatembenukira kukhoma. Nesi wina anatsegula buku lija n'kufunsa kuti, "Gadiyani wolembedwa umu, Ajibu, ndi ndani?" Ndinati ndine. Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi n'kufunsa kuti, "Munali kuti, bambo?"

Mmene ndinasiyira mowa ndikuuzani mosakometsa, mwina zithandiza wina. Sindinalumbire, chifukwa ndinali nditalumbirapo kambirimbiri. Ndinangokhala pamalo ogona magadiyani osatuluka pageti, podziwa kuti kunja kwa geti kuli anzanga. Tsiku lachiwiri thupi linayamba kunjenjemera, thukuta, kuona zinthu zoyenda pakhoma. Ndinapita kwa adokotala n'kunena chilungamo kuti ine ndine chidakwa. Anandithandiza, ndipo anandiuza kuti munthu amene wamwa kwambiri zaka zambiri asamasiye payekha kuseri, chifukwa thupi limatha kuchita zoopsa. Ndiye amene mukufuna kusiya, musachite manyazi, pitani akakuoneni.

Nditapeza mphamvu ndinayamba kutunga madzi, kutola nkhuni, kuchapa nsalu za alamu. Achemwali sankandiyankhula, koma ndowa sankandilanda. Manja akakhala ndi chochita, pakhosi pamaiwalako. Lachisanu lina ndinasamba n'kulowa mu mzikiti, n'kukhala kumbuyo kwenikweni. Swala itatha ndinawafotokozera a shehe zonse, ndikuyembekeza kuti andiuza mawu oziziritsa mtima. Iwo anati, "Mwana wanga, za mowazo lapa kwa Mulungu, Iye amakhululuka. Koma chimene unamulakwira munthu, Mulungu sachifufuta mwini wake asanalole. Khomo lake ndi la alamu akowo." Ndinatuluka mtima uli wolemera kuposa mmene ndinalowera, koma ndinadziwa kolowera.

Alamu anatuluka m'chipatala patapita miyezi iwiri. Dzanja linapola, koma zala zinapindikira mkati, ndipo sizitambasukanso. Ine ndinkapita kwawo tsiku lililonse, kukhala pakhonde chakumapeto. Sankandithamangitsa, sankandipatsanso moni. Kupepesa ndinapepesa kangapo, iwo ankangoyang'ana kunyanja. Mankhwala anayambiranso, ndipo tsopano ankapita okha, poti chobisa panalibenso. Ine ndinkawatsatira m'mbuyo ngati galu wolakwa.

Tsiku lina, ndili pakhonde pomwepo, anakanda kuseri kwa khutu ndi dzanja lamanzere. Anati, "Alamu." Aka kanali koyamba kundiitana. "Sewero lija simunamalize."

Ndinati, "Alamu, ine zisudzo ndinasiya. Sindidzaimanso pamaso pa anthu."

Anati, "Kusiya kwanu kundithandiza chiyani ine? Mdzukulu wa a Biti Saidi kuseri uku amagwa. Amamutsekera m'nyumba. Akadzagwera pamoto, adzamuyang'ananso chomwecho. Mupite padoko pomwe paja mukamalize. Opanda jekete, osatsanzira munthu. Mukayankhule ndi mawu anuanu, ngati muli nawo."

Ndinapita kwa Mayi Kamwendo n'kugwada pakhomo pawo. Anandisiya ndili chogwada kanthawi ndithu, kenako anati, "Dzukani, mundidetsera khonde." Anavomera kubwera, ndipo anaitananso nesi weniweni. Tinasankha Lachisanu, anthu atatuluka ku swala ya Juma.

Anthu anabwera ambiri, akuganiza kuti Che Nsapatoimodzi wabwerera. Nditaima ndi malaya wamba, nsapato zonse ziwiri, ena anayamba kuseka poyembekezera. Ndinati, "Ine ndine Ajibu. Munthu anandisungitsa chinsinsi, ine ndinachigulitsa pano kuti museke. Kenako ndinathawa ndi buku lake la mankhwala. Dzanja la Che Amidu ndinaliwotcha ndine." Sindinamvepo doko lili chete chomwecho. Mawu anga enieni ndi aang'ono, abale, amanjenjemera. Ndinali ndisanawagwiritsepo ntchito pagulu.

Kenako ndinagona pamchenga, osaphupha, osachita nthabwala, ndipo nesi uja anaonetsa kakokedwe, kagonekedwe chammbali, ndi kuti mkamwa simuikidwa supuni. Anaitana anthu kuti abwere ayese pa ine. Poyamba palibe anasuntha. Amene anayamba kubwera anali mayi wa geni uja, mwini uvuni. Anagwada, anandigwira phewa n'kunditembenuza, kenako anayamba kulira, akuti, "Tinkaopa, ife tinkaopa." Atatha iwo anabwera ena, mpaka malaya anga anadzaza mchenga. Pomaliza achemwali anabweretsa tiyi m'kapu imodzi. Alamu anamwa, ine ndinamwa, ndipo ndinaipereka kwa bwana wa boti. Anaiyang'ana nthawi yaitali, anthu onse akumuyang'ana, kenako anamwa.

Musaganize kuti zonse zinabwerera mwakale. Madzi akatayika sawoleka. Chilimira sichikokedwa ndi dzanja limodzi, ndiye panyanja alamu sanabwererenso. Bwana uja anawapatsa ntchito ya pamtunda, kuyang'anira nsomba zikamatsitsidwa m'boti. Maboti akamanyamuka, iwo amaima pamchenga n'kumayang'ana, munthu amene anakulira pamadzi. Mdzukulu wa a Biti Saidi uja anayamba kulandira mankhwala. Ine Mayi Kamwendo anandibwezera m'gulu patapita chaka, ndipo tsopano mbali yanga ndi ya kumapeto, yosaseketsa ija. Munthu akandiitana kuseri kwa golosale ndimamuuza kuti anene pomwepo. Mkazi wanga sanabwerere, ndipo sindimuimba mlandu. Mwana ndimakamuona. Chaka chino n'chachitatu ndisanalawe.

Inu amene mumati mowa ndimamwa ndi pakamwa panga, sindivutitsa munthu, ine ndinkateronso. Fufuzani m'chikwama mwanu. Mwina muli chinthu cha munthu amene akukudikirani, akuuza anthu kuti iyeyu sanaphonyepo.

Ndimalize ndi za mwezi wathawu. Kunali sadaka kwa achibale athu, anthu ambiri, amuna atakhala m'magulumagulu pamikeka, mbale za mpunga pakati. Ndinayang'ana alamu, osawaona. Ndinawapeza kuseri kwa nyumba, okha, atayang'ana kukhoma, kambale kali pamwendo. Mukudziwa kuti kwathu kuno munthu sapisa dzanja lamanzere m'mbale ya anthu. Bambo wa ana anayi, Msilamu wosaphonya swala, amadya mobisala ngati wakuba. Zaka zitatu zonsezi ine sindinkadziwa kuti pa sadaka paliponse amatero.

Ndinakhala pansi pambali pawo. Ndinafunsa funso limene ndinkaliopa nthawi yonseyi. Ndinati, "Alamu, kodi munandikhululukira?"

Anameza, anakanda kuseri kwa khutu, n'kunena kuti, "Ine ndinakukhululukirani kalekale, alamu. Koma dzanjali silinamve."

Anasendeza kambale kaja kuti kakhale pakati pathu. Ndinabisa dzanja langa lamanja kumbuyo, ndipo tinadya.

Zanga zathera pamenepa. Zikomo pondimvera.